Zimene ndinaona kupolisi nditakadandaula za nkhanza za mwamuna wanga

Amayi angapo andifunsapo funso limodzi lomweli, ena pamsika ena pa WhatsApp: kodi mwamuna akamakumenya, kupita kupolisi kumathandiza? Ndimawayankha kuti kumathandiza, koma zimatengera wapolisi amene wamupeza tsikulo, komanso zimene iweyo ukudziwa usanalowe pakhomo paja. Ine pa nkhani imodzi yomweyi ndinakumana ndi apolisi a mitundu iwiri. Ena anandibwezera m'manja mwa munthu amene ndinkamuthawa, ena anagwira ntchito yawo mpaka nkhani inakafika kukhoti. Sinditchula dzina la munthu kapena la polisi iliyonse, chifukwa cholinga changa si kuyalutsa wina. Ndikufuna kuti mnzanga amene akuganiza zopita kumeneko apite akudziwa choti akanene ndi choti akakane.

Ndine mayi wa ana atatu, ndimakhala m'boma la Mangochi, ndipo ndimachita geni ya usipa. Ndimagula kwa alovi m'mamawa maboti akangokocheza, kuyanika pathandala, ukachuluka n'kukagulitsa ku Liwonde kapena ku Limbe. Ukwati wathu unali wa kwa ankhoswe, ndipo monga zimakhalira kuno, bamboyo ndi amene anabwera kudzakhala kwathu, nyumba tinamanga pamalo a mayi anga. Kenako anapita ku Joni monga amachitira amuna ambiri a kuno. Anabwerako ndi malata, njinga yamoto ya kabaza, komanso mtima wina. Anayamba kundiwerengera ndalama za usipa, kundilanda foni, kundifunsa chimene ndasekera ndi mlovi wakutiwakuti. Mbama zinayambira pamenepo, zibakera n'kutsatira.

Ankhoswe anakhalapo pansi kangapo. Sindikuwanyoza, amalume anga anayesetsa, ndipo pa mikangano wamba ya m'nyumba ankhoswe amathandizadi. Koma mawu amene ndinkabwerera nawo nthawi zonse anali oti banja ndi kupirira, ndipo azakhali a mwamuna wanga anafika ponena pamaso panga kuti kumenya ndi mankhwala a banja. Nkhoswe ilibe mphamvu yoletsa munthu kufika pakhomo. Ikamudzudzula amavomera, amapepesa, n'kubwerera m'nyumba momwemuja, ndipo usiku umenewo ndiwe amene umaona zakuda chifukwa chomuneneza.

Tsiku limene anandimenya ndi lamba mpaka diso kutupa, kutacha ndinapita kupolisi yaing'ono ya kufupi ndi kwathu. Ndinafotokoza nditaima pakauntala, kumbuyo kwanga kuli bambo wina wodandaula za mbuzi yobedwa ndi anyamata a kabaza amene ankamudziwa mwamuna wanga. Funso loyamba linali lakuti, "Mayi, munawalakwira chiyani bambowo?" Lachiwiri, "Ankhoswe akudziwa?" Palibe anayang'anitsitsa diso langa, palibe ananditumiza kuchipatala. Wapolisi uja anatenga kapepala, analembapo kuti mwamuna wanga akaonekere mawa lake m'mawa, anadinda, kenako anandipatsira ineyo.

"Mukawapatse."

"Bwana, ndikawapatse ine? Munthu amene wandimenya usiku wapitawu?"

"Galimoto tilibe, mayi. Ngati muli ndi ya mafuta tikwera njinga tikawatenge. Apo ayi mukasiye kwa amfumu."

Ndalama ndinalibe, zonse anali atandilanda. Kalata ija ndinakaisiya kwa amfumu, ndipo dzuwa lisanalowe mudzi wonse unali utamva kuti ndakaneneza mwamuna kupolisi. Usiku umenewo ndinagona kwa mayi anga ndi ana onse, chitseko titachirikiza ndi mtondo.

Kupatsa wodandaula kalata yoitanira munthu amene wamuvulaza n'kumuika pachiswe, ndipo mukhoza kukana. Nenani mosabisa kuti mukuopa, ndipo pemphani kuti amuimbire foni iwo eni, kapena atume a community policing a m'mudzimo. Zoti apolisi amasowa galimoto ndi mafuta sindikutsutsa, ndipo boma lathuli ndi lalikulu, kuchoka ku Makanjira kukafika ku Monkey Bay ndi ulendo weniweni. Koma kusowa kwa boma kusasanduke ngongole ya mayi amene wamenyedwa, ndipo thandizo la apolisi silogula.

Mawa lake anabweradi, atavala shati yosita, akupereka moni kwa apolisi mwaulemu waukulu. Anatikhazika pabenchi imodzi, ine, iyeyo, ndi ankhoswe a mbali zonse ziwiri. Anayamba kulankhula ndi iye, ndipo analankhula nthawi yaitali: ndine wamwano, ndimabwera usiku kuchokera kunyanja, sindionetsa ndalama. Chilungamo chake, wapolisi anamudzudzula ndithu. "Bambo, masiku ano mkazi samenyedwa, mudzamangidwa nazo zimenezi." Koma atatero anatembenukira kwa ine n'kundilangiza kuti nanenso ndizilemekeza mutu wa banja. Kenako anandifunsa, mwamuna uja ali pambali pangapa, ankhoswe ake akundiyang'ana:

"Ndiye mukufuna timutsekere? Akamangidwa, anawa adya chiyani?"

Ndinati ayi. Ndikhulupirira kuti amayi ambiri akanayankha chimodzimodzi, chifukwa funso lotere likafunsidwa pamaso pa mwini nkhanza, yankho lake limakhala limodzi lokha. Analemba pangano loti sadzandimenyanso, tonse tinasaina, n'kutiuza kuti tizipita mwamtendere. Pambuyo pake, nkhani itakula, zinadziwika kuti m'buku lawo munalembedwa mzere umodzi wokha, woti banja linakangana ndipo lalangizidwa. Za lamba munalibe, za diso munalibe.

Uphungu uli ndi malo ake, ndipo ndikudziwa mabanja amene unawathandiza. Ngati anthu akukangana za ndalama za m'nyumba kapena za mitala popanda kuvulazana, kuwakhazika pansi n'kwabwino. Koma pamene pali bala, pachitika mlandu, ndipo kukhala pabanja sikuchotsa mlanduwo. Munthu atakumenya choncho pamsika, palibe wapolisi angafunse kuti unamulakwira chiyani. Dziko lino lili ndi lamulo loletsa nkhanza za m'banja, Prevention of Domestic Violence Act, kuyambira mu 2006. Limanena kuti wapolisi ayenera kuchitapo kanthu pa dandaulo lililonse la nkhanza za m'banja, ngakhale wodzanenayo atakhala munthu wina osati wochitiridwa nkhanzayo, ndipo ayenera kulemba lipoti lake. Nkhanza zimene limatchula si kumenya kokha. Kulanda kapena kumana ndalama, kuopseza, kunyoza kosalekeza, kukakamiza zogonana, zonsezi zilimo. Limateteza mkazi, mwamuna, ana ndi ena okhala pakhomopo. Musalolenso wina akuuzeni kuti poti mulibe setifiketi ya ukwati ndiye palibe chimene angachite. Lamulo la maukwati la 2015 limazindikira ukwati wa kwa DC, wa kutchalitchi kapena kumzikiti, wa kwa ankhoswe, ngakhalenso wa anthu amene akhalira limodzi nthawi yaitali ngati banja.

Pangano lija linagwira ntchito miyezi yochepa. Usiku wina ndinabwera kuchokera ku Limbe ndalama itaperewera chifukwa usipa unatsika mtengo, iye anati ndabisa. Anatenga mpini wa khasu. Ndinatchinjiriza mutu ndi mkono, mkonowo n'kuthyoka. Amene anandipulumutsa ndi mayi wina woyandikana naye nyumba, amene anakuwa mpaka anthu anatuluka, ndipo mwana wake ndi amene anandinyamula panjinga kupita kuchipatala.

Namwino amene ankathandiza pondimanga pulasitala anandifunsa mwakachetechete ngati ndagwadi monga ananenera alamu anga amene anatilondola. Nditamuuza zoona, anaitana dokotala kuti alembe zimene ndanenazo m'buku langa la kuchipatala, ndipo anandilangiza kuti ndipite kupolisi yaikulu ndikafunse ofesi yothandiza anthu ochitiridwa nkhanza, ya Victim Support Unit, osayambira kufotokoza pakauntala. Anandiuzanso kuti m'zipatala zina zikuluzikulu za boma muli malo otchedwa One Stop Centre, ena amati Chikwanekwane, kumene achipatala, apolisi ndi a zachisamaliro cha anthu amakuthandiza pamalo amodzi. Mawu ena amene ananena ndiwabwereze pano chifukwa angapulumutse wina: ngati pa nkhanzazo panachitikanso kugwiriridwa, mankhwala oteteza ku HIV otchedwa PEP ayenera kuyambidwa pasanathe maola 72, choncho kuchipatala n'koyamba, zina zonse pambuyo. Ndipo mukafika kuchipatala nenani zoona. Mukanena kuti munagwa panjinga, zomwezo n'zimene zidzawerengedwe kukhoti.

Ku Victim Support ndinapeza mayi wina wapolisi, sajeni. Zimene anachita ndizifotokoza pang'onopang'ono, chifukwa ndi zimene muyenera kuyembekezera kulikonse, ndipo zikasoweka muzifunse.

Anandilowetsa m'chipinda n'kutseka chitseko. Amalume amene anandiperekeza anawapempha mwaulemu kuti ayambe adikira panja. Asanatenge cholembera anandifunsa kuti ana ali kuti, ndipo ine ndikagona kuti usiku umenewo. Sanandifunse chimene ndinalakwa. Anati, "Mayi, yambani pamene mukuona kuti zinayambira, musathamange." Ndinafotokoza kuyambira pa foni yolandidwa ija mpaka pa mpini. Ankalemba, nthawi zina n'kundiimitsa kuti afunse tsiku, nthawi, amene analipo, mawu enieni amene mwamunayo ananena pomenya. Nditamuuza kuti anati adzandipha n'kundiponya mu Shire, anaima n'kundifunsanso kuti atsimikize, ndipo analemba mawuwo monga momwe analili. Atamaliza anandiwerengera sitetimenti yonse m'Chichewa. Panali pamene analemba kuti anandimenya ndi ndodo, ine ndinati sinali ndodo, unali mpini wa khasu, ndipo anakonza tisanasaine. Musasaine kapena kudinda chala pa pepala limene sanakuwerengereni m'chilankhulo chimene mukumva. Ngati mumamasuka bwino m'Chiyao, nenani, kuno kwathu omasulira sasowa.

Anajambula mkono ndi mikwingwirima ya kumsana, atayamba wandipempha. Anandipatsa kalata yobwerera nayo kuchipatala kuti dokotala alembe lipoti la mmene ndavulalira, ndipo anandiuza kuti lipotilo ndi limene lidzasonyeze kukula kwa mlandu. Kumenya kosasiya bala, kumenya kovulaza, ndi kuvulaza modetsa nkhawa ndi milandu yosiyana m'malamulo, ndipo wotsirizawu, umene uli m'gawo 238 la lamulo la milandu ndi zilango, Penal Code, chilango chake chikhoza kufika zaka 14. Anandilembera pakapepala nambala ya fayilo yanga ndi dzina lake. Kapepala kameneko kanandithandiza kwambiri, chifukwa masiku amene iye kunalibe, ndikangoonetsa nambalayo fayilo inkapezeka, osayambanso kufotokoza nkhani yonse kwa munthu watsopano.

Nditamuuza za ulendo woyamba uja, anafunsa ngati pangano limene tinasaina lilipo. Mwamwayi amalume anali atasunga pepala lawo m'chikwama. Pepala lomwe lija, limene tsiku lija linangotseka nkhani, linasanduka umboni woti aka sikanali koyamba ndipo munthuyo anachenjezedwapo. N'chifukwa chake ndimauza aliyense kuti asunge chilichonse: buku la kuchipatala, makalata a amfumu, mauthenga oopseza a pafoni, zithunzi. Musasunge m'nyumba imene iye amalowamo. Kasiyeni kwa mchemwali wanu kapena kwa mnzanu wodalirika.

Wofufuza anapita kumudzi. Anatenga mpini uja, analemba sitetimenti ya mayi amene anakuwa uja, ya mwana wake, ndi ya mayi anga. Mwamuna wanga anamufunsa payekha, ine kulibe, ndipo mbali yake inalembedwanso. Izi ndimazilemekeza. Kufufuza kwenikweni kumateteza onse. Alipo amuna amene amanamiziridwa banja likavuta, ndipo wapolisi wofunsa mboni, kuona malo ndi kuwerenga lipoti la dokotala ndi amene angasiyanitse bodza ndi zoona. Wapolisi wongokhazika anthu pabenchi n'kumvera amene walankhula mokoma sathandiza mkazi womenyedwa, sathandizanso mwamuna wonamiziridwa. Ndionjezere pomwepa kuti aliponso amuna amene amamenyedwa kapena kuthiridwa madzi otentha ndi akazi awo, ndipo ambiri sapita kupolisi poopa kusekedwa. Lamulo ndi lomweli, ofesi ndi yomweyi, ndipo wowaseka akulakwa.

Mwamuna wanga anamangidwa. Malamulo a dziko lino amati womangidwa akaonekere kukhoti pasanathe maola 48, choncho musadabwe kapena kuganiza kuti wina wadya ndalama mukamuona atatuluka msanga. Belo ndi ufulu wake, ndipo belo ya apolisi ndi yaulere. Chofunika n'choti muuze wofufuza ndi wapolisi woimira boma pamlandu za mantha anu belo isanaperekedwe, kuti khoti liike malire. Kwa ife khoti linamulamula kuti asandiyandikire ndipo asalankhule ndi mboni.

Nthawi yovuta kuposa zonse inali yapakati pa kumangidwa ndi kuzengedwa kwa mlandu. Apongozi anabwera akulira. Alamu anabwera ndi shuga ndi chitenje. Akuluakulu achipembedzo anabwera kudzandikumbutsa za kukhululuka. Ngakhale mayi anga enieni anafika potopa n'kunena kuti mwina ndingosiya, anthu akutiloza zala kuchitsime. Ndinkadziona ngati ndine ndekha m'boma lonse amene ndachita chinthu chochititsa manyazi chotere. Mayi wa ku ofesi ya zachisamaliro cha anthu ndi amene anandiuza kuti kafukufuku wa boma wa zaumoyo wa 2015-16 anapeza kuti amayi 42 mwa 100 alionse amene anakwatiwapo anachitiridwapo nkhanza ndi amuna awo, kaya kumenyedwa, kukakamizidwa zogonana kapena kuzunzidwa m'maganizo. Ndinayamba kuganizira amayi amene ndimayanika nawo usipa, ndipo manyazi aja anachepa.

Tsiku lina ndili m'khonde la kupolisi kudikira wofufuza, wapolisi wina wachibambo amene sankakhudzidwa n'komwe ndi fayilo yanga anandiyandikira. "Mayi, ingotsekani mlanduwu. Amayi inu timakudziwani, mawa lomweli mubwera kudzalira kuti titulutsireni bambo athu." Mawuwa anandipweteka. N'zoona kuti amayi ambiri amatseka milandu, ndipo ndikumvetsa kuti wapolisi amene watha mafuta ndi nthawi amagwa ulesi fayilo ikathera panjira. Koma amayiwo satseka chifukwa chokonda kumenyedwa. Amatseka chifukwa wogula ufa ndi yemweyo, chifukwa abale awazinga, chifukwa palibe wawauza kuti pali njira ina. Wapolisi akaonjezera mawu ake pa mawu a apongozi, amakhala akupanga yekha chinthu chimene akudandaulacho.

Ndinakanena kwa sajeni uja. Ananditengera kwa woimira boma pamlandu, amene anandifotokozera momveka. Mlandu wovulaza munthu ukalowa kukhoti umakhala pakati pa boma ndi woimbidwa mlanduyo, ine ndimakhala mboni yaikulu. Sungathere m'khonde kapena pansi pa mtengo. Khoti likhoza kulola kuyanjana pa milandu ing'onoing'ono ya kumenyana, koma pa kuvulaza kwakukulu si chinthu chongogwirizana pachibale, ndipo chilichonse chiyenera kunenedwa pamaso pa majisitireti. Kumva zimenezi kunandipepukitsa, chifukwa ndinapeza choyankha abale. Akabwera ndinkangoti nkhaniyi ili m'manja mwa boma, pitani mukalankhule ndi khoti.

Chinthu china chimene apolisi oyamba aja sananditchulire n'komwe, chomwe ndikuona kuti n'chothandiza amayi ambiri kuposa ndende, ndi chikalata cha chitetezo chochokera kukhoti, chimene amachitcha protection order. Simufunika kudikira kuti munthu amangidwe kapena apezeke wolakwa. Mumapita kukhoti la majisitireti, alembi a pakhoti amakuthandizani kulemba pempho, ndipo ngati pali choopsa majisitireti akhoza kupereka chikalata chongoyembekezera mwamsanga, mbali inayo isanamvedwe, kenako n'kuika tsiku loti nonse mukaonekere. Chikalatachi chikhoza kumuletsa kukumenyani, kukuopsezani, kukuimbirani foni, kufika pakhomo kapena pamalo a geni yanu. Ngati inu simungathe kupita, kholo lanu, m'bale wanu kapena wapolisi akhoza kukupemphererani. Kwa mayi amene sakufuna kuti bambo wa ana ake amangidwe koma akufuna kugona mopanda mantha, njira ndi imeneyi, ndipo wapolisi aliyense wolandira dandaulo lotere anayenera kumaitchula tsiku loyamba lomwelo.

Kwa ine panalinso nkhani ya nyumba. Malo ndi a mayi anga, koma iye ankati malata ndi ake, anawavutikira ku Joni, choncho otuluka ndikhale ine. Kuno kwathu mkangano umenewu ndi wofala. Lamulo lija loletsa nkhanza za m'banja limapatsa khoti mphamvu yolamula amene akhale m'nyumba pa nthawi imene nkhani ikuunikidwa, chimene amachitcha occupation order. Khoti linati ine ndi ana tikhale m'nyumbamo, iye akakhale kwa abale ake, ndipo za kagawidwe ka katundu zidzakambidwa pa mlandu wothetsa banja. Anabwera kudzatenga zovala zake ndi njinga ataperekezedwa ndi wapolisi ndi nthumwi ya amfumu. Musalole kuti adzatenge katundu muli nokha.

Chikalatacho ndinachichulukitsa: china kupolisi, china kwa amfumu, china kwa mayi anga, china m'chikwama changa cha geni. Tsiku lina anafika pathandala ataledzera n'kuyamba kundilalatira pamaso pa anthu. Ndinaimbira apolisi n'kutchula kuti ndili ndi chikalata cha khoti. Kuphwanya chikalata chotere ndi mlandu pawokha, ndipo wapolisi akhoza kumanga wochiphwanyayo popanda kudikira chilolezo china. Anabwera. Anali a kupolisi yaing'ono yomwe ija, ndipo ulendo uno sanafunse za ankhoswe kapena za mafuta.

Mlandu unatenga miyezi, unkaimitsidwa pa zifukwa zosiyanasiyana, ndipo ndalama ya thiransipoti ya ine ndi mboni inandipweteka. Konzekerani zimenezo, ndipo tsiku lililonse mukamachoka kukhoti funsani woimira boma tsiku lotsatira n'kulilemba. Pomaliza anapezeka wolakwa ndipo anakakhala kundende. Sindinavine. Ndi bambo wa ana anga, ndipo mwana wamkulu anakhala nthawi osandilankhula bwinobwino. Koma mkono wanga wamanzere mpaka lero sunyamula dengu lodzaza, ndipo mpini uja unkalunjika mutu.

Wapolisi akakuchitirani zosayenera, kaya wakubwezani osalemba kanthu, wapempha ndalama, wakunyozani, kapena waulula nkhani yanu kwa amene mukumudandaulayo, pali kokanena. Yambani ndi mkulu wa polisiyo, amene amamutcha OC, kapena pitani kupolisi yaikulu imene imayang'anira yaing'onoyo. Lembani tsiku, nthawi ndi dzina la wapolisiyo ngati mwaliona payunifolomu. Zikakanika, kuli bungwe loima palokha lolandira madandaulo okhudza apolisi, Independent Complaints Commission. Linalembedwa m'lamulo la apolisi la 2010, koma linadzayamba kugwira ntchito pambuyo pa nkhani ya amayi a ku Msundwe, M'bwatalika ndi Mpingu amene anachitiridwa nkhanza ndi apolisi mu 2019, khoti lalikulu litagamula mowakomera mu 2020. Kulinso Malawi Human Rights Commission ndi ofesi ya Ombudsman. Pa nkhani yofuna loya mulibe ndalama, kuli Legal Aid Bureau. Ngati muli pamalo oti simungathe kuyenda, a YONECO ali ndi nambala yaulere ya 5600 ya nkhani za nkhanza, ndi 116 ya nkhani zokhudza ana. Ya apolisi pangozi ndi 997.

Ineyo, mlandu utatha, ndinapita kwa mkulu wa apolisi limodzi ndi mayi wa zachisamaliro cha anthu uja. Sindinapemphe kuti wina achotsedwe ntchito. Ndinapempha zinthu ziwiri: asiye kupatsa amayi omenyedwa makalata oti akapereke okha kwa owamenya, ndipo asiye kufunsa mayi ngati akufuna kuti mwamuna atsekeredwe mwamunayo ali pomwepo. Anandimvetsera ndipo analemba. Ndinamuuzanso za sajeni uja, chifukwa wogwira bwino ntchito ayenera kudziwika kwa mabwana ake.

Ngati mukupita koyamba, musapite nokha. Tengani munthu amene ali kumbali yanu, osati nkhoswe imene ntchito yake ndi kuyanjanitsa, chifukwa pakhomo paja idzachita ntchito yake yomweyo. Funsani ofesi ya Victim Support, pemphani kulankhula m'chipinda, ndipo ngati mukufuna wapolisi wachizimayi nenani. Musachoke musanaone kuti dandaulo lanu lalembedwa monga mwanenera.

Banja lathu linatha kukhoti, ankhoswe a mbali zonse alipo, ndipo mtengo wa malata aja unawerengedwa pogawa katundu. Nkhani ya chisamaliro cha ana ndi mlandu wapadera, sumangobwera wokha chifukwa choti bamboyo wapezeka wolakwa, choncho muyenera kukaupempha. Lamulo la ana la 2010 limati makolo onse awiri ali ndi udindo wosamalira ana, kaya banja lilipo kaya latha. Panopa bamboyo anatuluka kundende, akuyendetsa kabaza kwina, ndipo ndalama ya ana amatumiza pafoni ya amalume, miyezi ina mochedwa. Akafuna kuona ana, amalume ndi amene amawaperekeza kwa mchemwali wake ndi kukawatenga, monga tinagwirizanira pamaso pa majisitireti.